Khola la atsibweni ndi chitsime cha anesi

Sukulu ndinaphunzira ndi ndalama za nkhumba. Bambo atamwalira, amene anatinyamula ndi atsibweni, mlongo wawo wa amayi, ndipo iwo analibe ntchito ya pamwezi. Anali ndi munda wa mtedza, kadimba kumtsinje, ndi khola la mitengo kuseri kwa nyumba. Teremu ikamayandikira ankalowa m'kholamo mbandakucha, n'kugwira imodzi, kuimanga pa njinga, ulendo wa kumsika. Madzulo ankabwera ndi fizi m'thumba la jekete. Choncho pamene mkangano wa kholalo unabuka, ine sindinafunse kuti wolakwa ndani. Ndinaima kumbali ya atsibweni nkhani ndisanaimve n'komwe.

Mudzi wathu uli m'mbali mwa msewu wa M12, uja wochokera ku Lilongwe kudutsa pa Mchinji mpaka kuchipata cha Mwami. Ndili mwana, khola linali kumapeto kwenikweni kwa mudzi. Kuseri kwake kunali munda, kuseri kwa munda kunali tchire. Fungo linkapita ndi mphepo osapeza munthu woti alidandaule. Koma kalembera wa 2008 anapeza anthu pafupifupi 456,000 m'boma la Mchinji, ndipo wa 2018 anapeza oposa 600,000. Anthu onsewa amafuna pogona. Magolosale anachuluka m'mbali mwa msewu, magetsi anafika, ogula soya ndi mtedza anaika masikelo awo, ndipo minda ya kufupi ndi msewu inayamba kudulidwa mapuloti. Anadula ndi ife tomwe. Munda wa kuseri kwa khola tinagulitsa pabanja pathu, ndipo amene anasaina pamaso pa amfumu ngati mwini mbumba anali atsibweni.

Puloti yoyandikana ndi khola anagula mayi wina amene anapuma pantchito ya unamwino. Kumudzi aliyense amangowatchula kuti anesi. Anagula m'chilimwe, nkhumba zili zisanu ndi imodzi, pansi pali gwa. Anamanga nyumba ya njerwa zootcha, anakumbitsa chitsime, anatenga adzukulu awo awiri n'kumakhala nawo. Zaka ziwiri zoyamba ankapatsana moni ndi atsibweni, ngakhale kubwerekana wilibala.

Zinthu zinasintha pamene atsibweni anasiyiratu fodya. Anatopa ndi kudikira ndalama ya ku okushoni yomwe ikamafika inali itathera kale m'ngongole za feteleza. Analowa kalabu ya alimi a nkhumba, azakhali anakongola ku banki m'khonde, ndipo anagula mikota iwiri yachizungu, ya mtundu wa Large White. Aliyense woweta amadziwa kawerengedwe kake: nkhumba imakhala ndi bere miyezi itatu, masabata atatu ndi masiku atatu, ndipo mkota wodya bwino umatha kuswa ana khumi, kawiri pachaka. Pasanathe zaka ziwiri khola linali ndi nkhumba makumi atatu. Anagwetsa la mitengo lija n'kumanga la njerwa, la malata, pansi pa simenti, monga momwe alangizi amaphunzitsira. Ine ndinanyadira. Ndinajambula zithunzi n'kuika pa Facebook.

Chimene sindinaganize ndi chakuti khola la simenti limatsukidwa ndi madzi tsiku ndi tsiku, ndipo madziwo ayenera kupita kwinakwake. Khola la dothi linkamwa mkodzo pamalo pomwepo. Latsopanoli linkautulutsira kunja kudzera pa kabowo ka kukhoma, n'kulowa m'kangalande kotsetserekera kumunsi. Kumunsiko ndiye kwa anesi.

Poyamba anabwera okha, mwaulemu, n'kukhala pamkeka ndi azakhali. Kachiwiri anatuma mkulu wa mpingo. Kachitatu anapita kwa amfumu, ndipo pomwepo atsibweni anandiimbira foni.

"Mphwanga, iwe ndiye unapita kusukulu. Undilembere kalata. Nkhumbazi anazipeza. Ine ndili ndi laisensi."

Mawu awiri amenewa, akuti anazipeza ndi akuti laisensi, ndi amene ndawamva pa mkangano uliwonse wa mtundu uwu, kaya ndi wa nkhumba, wa chigayo kapena wa malo omwera mowa. Ndinalemba kalatayo usiku womwewo, yaukali, yonena kuti munthu sangagule malo motchipa pafupi ndi khola kenako n'kufuna kuti khola lisamuke. Lero ndikaikumbukira ndimaona kuti ndinalemba za puloti ya anesi imene ndinali ndisanapondepo chimangidwire khola latsopano.

Nkhani ya laisensi ndiifotokoze bwino, chifukwa ndi pamene anthu ambiri timasokonezeka. Atsibweni anali ndi mapepala atatu m'chikwama cha pulasitiki. Loyamba linali laisensi ya bizinesi, yowalola kugulitsa nyama pa benchi yawo kumsika. Lachiwiri linali chiphaso cha a zaziweto chimene anapatsidwa posamutsa mikota ija kuchokera komwe anaigula, chotsimikiza kuti ziwetozo zinali zololedwa kuyenda. Lachitatu linali setifiketi ya maphunziro a kalabu. Onse anali mapepala enieni, okhala ndi zidindo, ndipo awiri mwa iwo analipira ndalama. Kwa atsibweni, munthu amene boma lamudinda katatu sangauzidwe zochita ndi mayi wobwera. Koma palibe pepala ngakhale limodzi limene linkanena za kuchuluka kwa nkhumba pamalo amenewo, kutalika kwa khola ndi chitsime cha mnzako, kapena kumene madzi otsukira ayenera kupita.

Anesi analibe pepala lililonse, koma ntchito yawo inawaphunzitsa lamulo la zaumoyo, Public Health Act, lomwe linakhazikitsidwa mu 1948 nthawi ya atsamunda. Lamulo limenelo limaletsa kusunga chiweto m'njira yosautsa anthu kapena yoika umoyo wawo pachiswe, ndipo silifunsa kuti anayamba kufika ndani. Palinso lamulo la maboma ang'onoang'ono la 1998, lopatsa makhonsolo mphamvu yopanga malamulo awoawo, komanso lamulo loteteza chilengedwe la 2017. Malamulo alipo ndithu. Vuto ndi lakuti malo ngati athu sali mudzi ndipo sali tauni. Pogawa malo timapita kwa amfumu, monga mwa makolo. Pomanga timamanga ngati ku Area 25 mumzinda wa Lilongwe, mpanda kugundana ndi mpanda. Kumudzi kuweta nkhumba sikupemphedwa kwa munthu. M'tauni pali malire a zimene ungachite pa puloti yokhalapo anthu. Ife tili pakati, ndipo aliyense amasankha lamulo lomukomera: woweta akuti kuno n'kumudzi, wodandaula akuti kuno n'kutauni.

Mu Januware 2023 sukulu za mumzinda wa Lilongwe zinachedwa kutsegulidwa chifukwa cha kolera, mliri uja unayamba mu 2022 n'kupha anthu oposa 1,700 m'dziko muno. Poti ndimaphunzitsa mumzindamo, ndinapeza mpata wopita kumudzi. Tsiku lachiwiri ndinakumana ndi anesi panjira ya kuchigayo. Ndinkayembekeza kuti andilambalala, chifukwa kalata ija anali ataimva ikuwerengedwa. Iwo anaima.

"Aphunzitsi, mwaswera bwanji? Kalata yanu ndinaimva. Ndikupempha chinthu chimodzi chokha. Mawa mvula ikakata mubwere mudzakhale pakhonde panga."

Ndinapita. Ndinakhala pakhonde paja mwina theka la ola, ndipo ndikunena zoona kuti fungo limene ndinakulira nalo silinali limeneli. La khola la ubwana wanga linkabwera n'kupita. Ili linkakhala pakhosi, loyabwa m'maso, la mkodzo umene wagonera m'madzi osayenda. Anandipatsa tiyi, ndipo ndisanamwe kawiri ntchentche zinali zitazungulira mkombero wa kapu. Mazenera onse a mbali ya khola anali otseka, ena omata ndi mapepala. Zovala ankayanika kutsogolo kwa nyumba, kumsewu, chifukwa kuseri zinkatenga fungo. Kenako ananditengera kumpanda. Madzi akuda ochokera m'kangalande kaja anali atalowa pansi pa mpanda n'kupanga chithaphwi, ndipo kuchokera pachithaphwicho kufika pachitsime ndinawerenga mapazi khumi ndi awiri. Chitsimecho anali atachitseka ndi lata n'kuikapo mwala. Madzi akumwa adzukulu ankakatunga kumjigo wa kusukulu, mtunda ndithu, m'mawa asanalowe m'kalasi.

Chimene chinandigonjetsa ndi chakuti mayiwa sanakokomeze kanthu. Ine ndinati mwina akuopa kolera. Anapukusa mutu. "Kolera imachokera m'chimbudzi cha munthu, osati cha nkhumba. Sindinganamizire ziweto za eni. Koma matenda otsekula m'mimba si kolera yekha, aphunzitsi, ndipo ndowe zikalowa m'chitsime mwana amadwala basi. Ine nyama ya nkhumba ndimadya. Atsibweni anu sindidana nawo. Ndikufuna kumwa madzi a pachitsime chimene ndinakumbitsa ndi ndalama yanga ya penshoni."

Ndinabwerera kunyumba mwakachetechete. Madzulo ndinauza atsibweni zimene ndinaona, ndipo anakhala nthawi yaitali osayankha. Kenako anati, "Ndiye nawenso wagulidwa ndi kapu ya tiyi?" Mawuwo anandipweteka, komabe ndinawamvetsa. Munthu amene wakulera ndi thukuta lake akamva iwe ukunena kuti ntchito yake ikununkha, samva za ngalande. Amamva kuti wamuchitira manyazi.

Apa ndiyenera kuwaikira kumbuyo, chifukwa anthu ena, makamaka a m'tauni, akamva nkhani ngati iyi amathamangira kunena kuti nkhumba zichoke pakati pa anthu, nkhani yatha. Zichoke zipite kuti? Kuzimasula kuti ziziyenda m'mudzi, ngati kale m'chilimwe, ndiye koipa kwambiri. Nkhumba yoyendayenda imadya chimbudzi cha anthu patchire, n'kutenga mazira a nyongolotsi amene amasanduka timibulu toyera m'nyama. Munthu akadya nyama yotere yosapsa bwino amakhala ndi nyongolotsi yaitali m'mimba, ndipo mazira ake akalowa m'thupi la munthu n'kukafika ku ubongo amayambitsa khunyu. Wotsekera nkhumba m'khola akuchitira mudzi wonse zabwino. Kuzipititsa kutali, kumunda, nakonso kuli ndi mtengo wake, chifukwa akuba ziweto sagona, ndipo nkhumba yonenepa imatha kusowa usiku umodzi n'kupezeka m'mawa ili kale pa chiwaya. N'chifukwa chake khola limamangidwa pomwe mwini wake angamve kulira kwa nkhumba ali pabedi. Ndipo kwa banja lopanda malipiro a pamwezi, khola ndiye banki: fizi, chipatala, feteleza, maliro, zonse zimatuluka mmenemo. Wonena kuti khola ligwetsedwe azinenanso kumene fizi ya Januware ichokere.

Mlandu unakambidwa pansi pa mtengo wa mango kwa amfumu, mlangizi wa zaumoyo wa m'dera lathu alipo. Anthu anadzaza, chifukwa oweta ndi ambiri ndipo ogula mapuloti ndi ambirinso, aliyense ankadziwa kuti chigamulo chimukhudza. Atsibweni anatulutsa chikwama cha mapepala chija. Mlangizi anawerenga limodzilimodzi, mwaulemu, n'kufotokoza ntchito ya lililonse. Mkulu wina wa mbali yathu anaimirira n'kuloza anesi: "Walira mvula walira matope. Munafuna puloti yotchipa, matope ake ndi amenewa." Anthu anaseka, ena anawomba m'manja.

Amfumu anadikira phokoso lithe. Kenako anati mwambiwo ndi woona, koma mvula analira ndi awiri. Wina analira puloti, wina analira ndalama ya puloti ndi nkhumba makumi atatu. Anafunsa atsibweni kuti pamene ankasaina kugulitsa malowo nkhumba zinalipo zingati. Anayankha kuti zisanu ndi imodzi. "Ndiye zimene anazipeza mayiwa ndi zisanu ndi imodzi," anatero amfumu. "Zinazo zinawapeza iwo." Ndipo asanagamule anauza bwalo lonse kuti linyamuke likaone ndi maso. Tinayenda mumzera, amuna patsogolo, mpaka pachithaphwi paja. Amene ankaseka aja anaima chapatali atagwira mphuno.

Chigamulo sichinali chogwetsa khola. Atsibweni anauzidwa kutseka kangalande, kukumba dzenje lakuya mbali ya kumtunda, kutali ndi chitsime, lomangira njerwa ndi lovindikira, kuti madzi otsukira azilowa mmenemo. Ndowe azichotsa m'mawa uliwonse zisanathiridwe madzi, aziunjika pamalo amodzi n'kukwirira ndi udzu ndi phulusa. Nkhumba zazikulu zisapitirire khumi ndi zisanu. Anapatsidwa mwezi umodzi, ndipo mlangizi anati adzabwera kudzaona. Anagulitsa nkhumba zinayi kuti agule simenti ndi kulipira omanga, akudandaula tsiku lililonse. Fungo silinathe, koma linachepa moti anesi anamatula mapepala a m'mazenera. Ndowe zouma zija zinapezanso msika, chifukwa feteleza atakwera mtengo, makamaka kwacha itagwa ndi 44 peresenti mu Novembala 2023, anthu ambiri anayamba kupanga manyowa a Mbeya, osakaniza ndowe, madeya, phulusa ndi feteleza pang'ono.

Ndikanakonda nkhaniyi ikanathera pamenepa. Koma chaka chotsatira matenda a chigodola cha nkhumba analowa m'kholamo. Nkhumba zinasiya kudya, makutu ndi mimba zinafiira, zinkagona mounjikana, ndipo pasanathe masabata awiri zinatsala ziwiri zokha, zachikuda. Ndipo mudzi unayamba kunong'ona kuti anesi athira mankhwala, poti amadziwa za mankhwala, ena n'kumati apita kwa sing'anga.

Apa ndiye pamene ndinakwiya ndi anthu a kwathu, ndipo mpaka lero sindinawakhululukire bwinobwino. Chigodola si chachilendo ku Mchinji. Ofufuza a m'zaka za m'ma 1980 anapeza kachilombo kake mu nkhufi zokhala m'ming'alu ya makola a m'boma lomwe lino. Kamayenda ndi nyama ya nkhumba yodwala, zotsala za chakudya, nsapato ndi matayala a njinga za ogula amene amalowa khola ili n'kukalowa linalo tsiku lomwelo. Kuno kwathu kulibe katemera wake kapena mankhwala ochiza, n'chifukwa chake matendawa akabuka a zaziweto amaletsa kusamutsa nkhumba ndi kugulitsa nyama yake. Munthu samudwalitsa, ndipo ichi ndi chimene chimapusitsa ambiri: nkhumba ikayamba kufooka amaipha msanga n'kugulitsa nyama motchipa, matenda n'kufalikira midzi itatu. Mwezi umenewo makola anafa ambiri, ngakhale a anthu amene anesi sanawaonepo. Atsibweni okha anavomera kuti sabata imeneyo ogula awiri analowa mpaka mkati mwa khola kukasankha. Koma mlandu ukakhala kuti unafika pabwalo, tsoka lililonse lobwera pambuyo pake anthu amalipezera mwini.

Anesi anamva manong'onong'owo. Anabwerabe kudzapepesa, atavala chitenje, n'kukhala pamkeka ngati pamaliro. Azakhali analowa m'nyumba osawapatsa moni. Atsibweni anatuluka, anakhala pampando, n'kunena kuti, "Zikomo mayi, mwatiyendera." Sanalankhule zambiri, koma anawaperekeza mpaka pampanda, anthu akuona.

Ndaganiza kwambiri za chimene chikanaletsa zonsezi, ndipo ndimabwerera pa laisensi pomwe paja. Atsibweni sanali munthu wozemba malamulo. Pepala lililonse limene anauzidwa kuti likufunika analitenga, n'kulisunga mu pulasitiki kuti lisanyowe. Chikanakhalapo chilolezo cha khola lenilenilo, chotengedwa njerwa isanaikidwe, akanachitenganso. Chilolezo chimene ndikuchifuna ine si chongolipira ndalama n'kulandira chidindo. Ndi choti mlangizi wa ziweto ndi wa zaumoyo afike pamalopo limodzi, aone kumene madzi amatsetserekera, ayeze mtunda wa kuchitsime, aitane aneba ndi amfumu, kenako alembe m'Chichewa, pa pepala limodzi, kuti pano nkhumba zisapitirire zakuti, dzenje likhale apa, ndowe zizipita uko. Woweta akhale ndi kope, neba akhale ndi kope. Mtengo wake ukhale woti mayi wa nkhumba zitatu angaukwanitse, apo ayi anthu adzangobisa makola kuseri kwa mipanda. Pepala lotere likanateteza atsibweni kuposa mapepala atatu aja, chifukwa wodandaula akanayenera kuloza chimene chaphwanyidwa. Ndipo ife ogulitsa mapuloti tili ndi gawo lathu. Tinadula munda mpaka kukhoma la khola chifukwa mita iliyonse inali ndalama, osasiya ngakhale kamzera ka mitengo pakati.

Pano khola la njerwa lija lili pululu. Azakhali amasungiramo nkhuni ndi matumba a makala. Atsibweni anamanga lina laling'ono kudimba, kumtsinje, ndipo anayambiranso ndi ziwiri zinapulumuka zija. Poopa akuba amagona komweko mu msasa, ndi tochi ndi agalu awiri, munthu wa zaka zoposa makumi asanu ndi limodzi, m'nyengo ya Juni pamene kudambo kumazizira mpaka m'mafupa. Ndikawauza kuti alembe mnyamata woti azilondera amati ndalama yake ichokera kuti, nkhumba zisanaswe. Anesi anatsegula chitsime chawo, anachikapa, anathira mankhwala, ndipo adzukulu saapitanso kumjigo.

Mwezi watha atsibweni anandiimbiranso. Akuti aona anthu akuyeza ndi chingwe munda wa kumtunda kwa dimba, ndipo amva kuti mwini wake akudula mapuloti asanu ndi atatu.

"Mphwanga, ukandifunsire kumaofesiko. Ndisanawonjezere nkhumba, pepala lake ndi liti? Ndipo ogulawo akabwera, uwauze adzandione ndisanamange, tidzaloze limodzi pokumba dzenje."

Ndawauza kuti ndipita Lachisanu, ndikaweruka kusukulu.